Mbale imodzi, mibadwo iwiri: ubwenzi wa pamkeka kwa Katuli

Munthu akawoloka mlatho wa Bakili Muluzi pa Mangochi n'kukwera mapiri a ku Chowe kulowera kum'mawa, kutentha kwa kunyanja kumatsalira m'mbuyo ndipo amafika kumtunda kozizirirapo, kudera la mafumu a Chiyao monga Jalasi ndi Katuli. Kwa Katuli ndi kumalire ndi dziko la Mozambique, ndipo mabanja ambiri ali ndi abale kutsidya, m'chigawo cha Niassa. Nsomba imafika kuno itauma kale, m'madengu omangidwa panjinga. Chakudya cha tsiku ndi tsiku chimachokera m'munda: chimanga, nyemba, nandolo, mbatata, chinangwa, mtedza ndi masamba a nyengo yake.

Mlendo wodutsa m'midzi imeneyi masiku ano amaona nyumba za njerwa zowotcha, zofolera malata, zina zopaka penti ndi zoika sola padenga. Zambiri mwa nyumbazi zidamangidwa ndi ndalama za ku Joni. Koma akasuzumira kuseri kwa nyumba nthawi ya nkhomaliro, amaona chinthu chimene sitikonda kuchikamba: gogo ali yekha pamafuwa, akuvundula kapoto kongokwana mitanda iwiri ya nsima. Akapakula amakoka mkeka n'kudya yekha, nkhuku zokha zikumuyang'ana. Pamtunda woti n'kuitanizana ndi pakamwa, anyamata ndi atsikana a m'mudzi womwewo akudyanso paokha, aliyense ndi mbale yake, diso lili pafoni. Anthu amenewa amapatsana salamu tsiku lililonse ndipo amaswali mumzikiti umodzi, komabe chaka chingathe osapisa dzanja m'mbale imodzi.

Kalembera wa 2018 adapeza kuti boma la Mangochi lili ndi anthu oposa 1.1 miliyoni, ndipo ambiri mwa iwo ndi Asilamu. M'dziko lonse, theka la anthu ndi ana osafika zaka 18, pamene a zaka 65 ndi kuposa safika asanu pa anthu 100 alionse. Okalamba ndi ochepa pakati pathu, ndipo aliyense amene timakamuika m'manda amapita ndi zonse zimene ankadziwa. N'chifukwa chake funso loti ndani amadya ndi gogo likukhudza mudzi wonse.

Mmene chidyerano chinkayendera

Ife amene tidakula m'zaka za m'ma 1970 ndi 1980 tidachipeza chidyerano chikadali ndi mphamvu. Mudzi wa Chiyao umamangidwa pa mbumba: akazi apachibale ndi ana awo amakhala moyandikana, mlongo wawo akuwayang'anira, ndipo amuna amabwera kudzakhala chikamwini. Mayi aliyense ankaphika pamafuwa ake, koma chakudya chikapsa sichinkadyedwa m'nyumba. Mbale zinkatuluka m'makomo osiyanasiyana n'kukakumana pamalo amodzi. Abambo ndi anyamata ankakhala pansi pa mtengo wa mango kapena pakhonde la mkulu wa mudzi, amayi, atsikana ndi makanda kuseri kufupi ndi moto. Ankayamba ndi nsima ya nyumba imodzi, ikatha n'kuvundukula ya nyumba ina, ndiwo zikuzungulira: nkhwani wotendera wa uyu, usipa wa uje, nandolo wa winayo.

Mayi amene tsikulo wasowa ndiwo ankatulutsa nsima yokha popanda manyazi, podziwa kuti mawa wosowa adzakhala mnzake. Mwana wamasiye ankakhuta pomwepo. Mkulu amene mkazi wake adamwalira ankakhutanso pomwepo, ndipo palibe ankatchula zimenezi kuti ndi chithandizo. Kunali kudya basi. Yohanna Abdallah, wansembe wa mpingo wa Anglican wa ku Unangu m'chigawo cha Niassa, amene buku lake la mbiri ya Ayao, Chiikala cha Wayao, lidasindikizidwa ku Zomba mu 1919, adalemba kuti kale mlendo wofika m'mudzi wa Ayao sankalipira chakudya, ndipo mwini nyumba ankakondwa kumva kuti pakhomo pafika mlendo. Zikuonetsa kuti ngakhale zaka 100 zapitazo akuluakulu ankaona kale kuti mwambowu wayamba kutha mphamvu, n'kufuna kuusunga polemba.

Pamkeka panali malamulo, ndipo mwana ankawaphunzira popanda wina kumuimika kuti amuphunzitse. Ankabweretsa madzi osamba m'manja atagwada, n'kuyambira wamkulu. Sankayamba kutema nsima, sankathamangira nthuli ya nyama kapena mutu wa nsomba, ndipo sankasamba m'manja akulu akadali kudya. Tikamakumbutsa ana malamulowa timakonda kulekezera pamenepo, pomwe wamkulu naye anali ndi udindo wake. Gogo ndiye ankachotsa minga m'nsomba n'kuikira mdzukulu mnofu. Ankakankhira nthuli kumbali ya mwana ngati sakuona zomwe akuchita. Ankasiya kudya msanga, n'kunena kuti wakhuta, kuti mwana apale m'mbale. M'mawa, mwana asanapite kukaweta mbuzi kapena kusukulu, mkute unkapezeka utasungidwa mumphika wovundikira.

Pakati pa mwana ndi kholo lake pamakhala ulemu wosakanikira ndi mantha. Pakati pa mdzukulu ndi anganga, mwambo wathu udalola nthabwala. Gogo wamkazi amatcha mdzukulu wake wamwamuna kuti mwamuna wake n'kumudandaulira kuti sadamugulire chitenje, ndipo agogo aamuna amaseka ndi kamtsikana kuti nsima yake ndi yosapsa, ukwati utha lero. Nthabwala zimenezi ndizo zinkatsegula khomo la nkhani zolemera. Mtsikana ankauza gogo zimene sakanatha kuuza mayi ake. Mnyamata amene wapalamula ankathawira kwa agogo, iwo n'kukamupepesera kwa malume. Tikaganiza bwino, nkhani zotere sizinkatuluka anthu atakhala moyang'anizana ngati pabwalo la milandu. Zinkatuluka manja ali pantchito, posenda nandolo, posinja nsinjiro, pochotsa mitu ya usipa, pamene maso ali palichero ndipo palibe akuyang'ana mnzake kumaso.

Ubwenziwu sunkatsata magazi okha. Gogo amene adalibe mdzukulu pafupi ankapatsidwa mwana wa m'nyumba ina kuti azigona naye, kumutungira madzi ndi kumusonkhera moto. Mwana wa mnzako ngwako yemwe, ankatero akuluakulu, ndipo ambiri a ife tili ndi gogo amene timamukumbukira m'maduwa athu pomwe mumzere wa ubale dzina lake mulibe.

Gogo wa ku Madina

Imamu Bukhari, amene adamwalira mu 870, adasunga m'buku lake la Sahih nkhani imene iyenera kudziwika m'nyumba iliyonse ya kuno kwathu. Woisimba ndi swahaba Sahl bin Sa'd. Iyeyu anali mnyamata wa zaka pafupifupi 15 pamene Mtumiki Muhammad, mtendere ndi madalitso a Allah zikhale pa iye, ankamwalira mu 632, ndipo adakhala ndi moyo wautali mpaka kukhala m'gulu la maswahaba otsiriza kumwalira mumzinda wa Madina. Sahl ankasimba za gogo wina wamkazi amene ankabzala masamba otchedwa silq m'mphepete mwa ngalande za m'munda. Masambawa amafanana ndi sipinachi koma ali ndi tsinde lonenepa. Lachisanu lililonse gogoyu ankazula masambawo ndi mizu yake, n'kuwaika mumphika pamodzi ndi ufa wa balere wodzaza dzanja umene ankapera yekha. Swala ya Juma ikatha, Sahl ndi anzake ankapatukira kwa gogoyu, n'kumupatsa salamu, iye n'kuwaikira chakudyacho. Sahl adanenetsa kuti mumphikamo munalibe mafuta ngakhale pang'ono, ndipo mizu ija ndiyo inkalowa m'malo mwa nyama. Komabe iwo ankalilakalaka tsiku Lachisanu chifukwa cha chakudya chimenecho.

Tikayerekeza ndi zathu, mphika umenewu unali ngati mpiru wowiritsa wothira kaufa, ndiwo zimene mnyamata wa lero angazikwinyire nkhope. Sahl sadatchule dzina la gogoyu, ndipo sadanene kuti anali mbale wake. Anali gogo wa m'dera lawo. Koma patapita zaka zambiri, Madina atalemera ndipo anthu akudya zonona, chimene mkulu ameneyu ankakumbukira za Lachisanu la m'nthawi ya Mtumiki (SAW) chinali mphika wa masamba wa mayi wokalamba. Imamu Bukhari adaiona nkhaniyi kuti ndi yolemera kotero kuti adaiika m'zigawo zinayi za buku lake: cha Swala ya Juma, cha ulimi, cha zakudya, ndi cha kupempha chilolezo polowa m'nyumba. M'chigawo chotsirizachi adaiika pamutu wokamba za amuna kupereka salamu kwa akazi. Amene amakayika ngati n'koyenera kuti gulu la anyamata lipatukire kwa mayi wokalamba n'kudya chakudya chake ali ndi yankho pamenepo.

Mfundo imene imatigwira mtima m'nkhaniyi ndi ya amene ankapereka ndi amene ankalandira. Anyamata aja sankapita kwa gogo atanyamula thumba la chithandizo. Gogo ndiye anali mwini munda, mwini mphika, mwini alendo. Iwo ankabwera ndi salamu, njala ndi chimwemwe, ndipo zimenezo zinali zokwanira kuti mayi wokalamba adzuke m'mawa wa Lachisanu ali ndi ntchito yomuyembekezera.

Anas bin Malik naye ali ndi nkhani ya mphika. Anali ndi zaka 10 pamene mayi ake, Ummu Sulaim, adamupereka kwa Mtumiki (SAW) atangofika ku Madina mu 622, ndipo adamutumikira zaka 10. Tsiku lina telala wina adaitana Mtumiki (SAW) kuchakudya, iye n'kumutenga Anas. Panali buledi wa balere ndi msuzi wa mphonda wosakaniza ndi nyama youmitsa. Mnyamatayo ataona kuti Mtumiki (SAW) akusankha zidutswa za mphonda m'mbale, adayamba kuzisonkhanitsa n'kuzikankhira patsogolo pake, ndipo kuchokera tsikulo iye mwini adazikonda mphonda moyo wake wonse. Anas adakalamba kwambiri, adamwalirira ku Basra, ndipo adatisiyira mahadisi oposa 2,000. Ambiri mwa mahadisi amenewa ndi zinthu zimene mwana amaona akamakhala pafupi ndi wamkulu tsiku ndi tsiku. Ndi momwemonso Umar bin Abi Salama, mwana wopeza wa Mtumiki (SAW), adaphunzirira kutchula dzina la Allah, kudya ndi dzanja lamanja ndi kutapa mbali yake ya mbale. Adalangizidwa mofatsa ali pambale yomweyo, dzanja lake litayamba kuyendayenda.

Kuno kwathu Chisilamu chidafalikira m'njira yofanana. Ophunzira a Shehe Abdallah bin Haji Mkwanda, amene adamwalira mu 1930, ndi a Shehe Thabit bin Muhammad Ngaunje, amene adamwalira mu 1959, ankachoka kwawo n'kukakhala pakhomo pa mphunzitsi, kulima m'munda mwake ndi kudya za mumphika wa pakhomopo. Qur'an ankaiwerenga paubao, koma khalidwe ankalitola pamkeka. Madrasa athu a lero amalandira ana masana n'kuwabweza madzulo, ndipo mwalimu angaphunzitse mwana zaka zisanu osadziwa ngati mwanayo amatha kusiyira mnzake nthuli.

Chidasweka pati

Choyamba ndi ulendo wa ku Joni. Ulendowu si wachilendo. Makolo athu ankapita kumigodi kudzera ku Wenela mpaka mu 1974, pamene ndege idagwa ku Francistown m'dziko la Botswana n'kupha Amalawi oposa 70, boma n'kuimitsa kulemba anthu ntchito. Koma a Wenela ankapita pa kontrakiti n'kubwerera, ndipo ankapita amuna okha. Masiku ano anyamata amanyamuka asanamalize sukulu, akazi awo n'kuwatsatira, ndipo ena amatha zaka zisanu kapena khumi ku Johannesburg, Durban kapena Cape Town. Ngakhale ziwawa za 2008 ndi 2015, zimene zidabweza anthu ambiri a ku Mangochi pamabasi ali manja lende, sizidatseke njirayi. Mbadwo wapakati, umene unkanyamula mbale kuchokera kukhitchini kupita pabwalo, ndiwo udachoka m'mudzi. Ndalama zimabwera pa Mukuru kapena pa Airtel Money, gogo n'kugula sopo ndi feteleza, ndipo sitikunyoza ana amene amatumiza thukuta lawo. Koma nyumba yamalata imabwera ndi mpanda ndi chitseko chokhoma, ndipo banja limene lili ndi mwana ku Joni limayamba kudya mobisa poopa kuti anthu aziwerenga nthuli.

Chachiwiri ndi njala. Amene adaona chaka cha 2002 amakumbukira kuti ndi nthawi imene mabanja ambiri adaphunzira kuphika usiku ndi kudyera m'nyumba, ndipo chizolowezicho sichidathe njala itatha. Mu Novembala 2023 mphamvu ya kwacha idatsitsidwa ndi 44 pa 100 iliyonse. Mu Malichi 2024 boma lidalengeza kuti maboma 23 mwa 28 ali pangozi chifukwa cha ng'amba. Munthu wogula ufa wa walkman tsiku ndi tsiku amawerenga pakamwa paliponse, ndipo sitingamuweruze.

Chachitatu ndicho choopsa kwambiri, ndipo ife mashehe tiyenera kuchitchula poyera: mantha. Makolo ambiri amaletsa ana kudya kwa gogo wakutiwakuti poganiza kuti adzawathira mankhwala kapena kuwaphunzitsa ufiti kudzera m'chakudya. Mwana amene wauzidwa zimenezi ali ndi zaka zisanu amakula akulambalala khomo limenelo. Akafika zaka 20, gogo uja kwa iye ndi mlendo woopsa wokhala m'mudzi mwake momwe. Mu Januwale 2016 ku Neno, okalamba anayi adaphedwa ndi anthu a m'mudzi mwawo mphenzi itapha mtsikana, powaganizira kuti ndiwo adaitumiza. Nkhani zofanana nazo zakhala zikumveka m'maboma osiyanasiyana chaka ndi chaka. Lamulo la 1911 lokhudza ufiti limanena kuti kutchula munthu kuti ndi mfiti ndi mlandu, ndipo mu 2024 Nyumba ya Malamulo idavomereza lamulo loteteza anthu okalamba. Surat Al-Hujurat idatichenjeza kale za kuganizirana zoipa. Koma wapolisi amafika moto utayaka kale. Amene angaime pakhomo la gogo n'kuletsa anzake ndi mnyamata amene adakulira pa mkute wa gogoyo.

Pali chinanso chimene wodya ndi gogo amachiona ena asanachione. Munthu wokhala yekha amasiya kuphika pang'onopang'ono, chifukwa kusonkha moto kaamba ka mitanda iwiri kumagwetsa ulesi. Amayamba kudalira mbatata yootcha ndi tiyi, thupi n'kumatha, anthu n'kumati ndi ukalamba. Wodya naye ndiye amazindikira kuti nsima ikutsala m'mbale, kuti chifuwa chatenga milungu itatu, kuti gogo wathira mchere kawiri kapena waiwala dzina la mwana wake. Kuiwalaiwala kwa okalamba ndi matenda a ubongo odziwika kwa madokotala, ndipo wodwala amatha kutuluka usiku n'kusokera, nthawi zina osavala bwino. Mudzi umene sudaone matendawa akuyamba, ukamupeza mbandakucha kuseri kwa nyumba ya eni, umathamangira kunena kuti wagwa paulendo wa ufiti. Mdzukulu amene wakhala akudya naye amadziwa kuti zidayamba chaka chatha ndi mchere uja.

Maiko olemera adafika kale kumene ife tikulowera, ndipo tsopano akulipira ndalama kuti agule zimene makolo athu ankachita mwachizolowezi. Dziko la Britain lidasankha nduna yoona za vuto la kusungulumwa mu 2018, ndipo mu 2023 bungwe la zaumoyo padziko lonse la WHO lidakhazikitsa komiti yapadera pa nkhani yomweyi. Mumzinda wa Deventer ku Netherlands, nyumba yosungira okalamba ya Humanitas imalola ophunzira a kuyunivesite kukhalamo osalipira lendi, malinga azipatula maola 30 pamwezi kucheza ndi okalambawo. Pafupi nafe, ku Mbare mumzinda wa Harare, Dr Dixon Chibanda adayambitsa ntchito ya Friendship Bench, imene imaphunzitsa agogo aakazi kukhala pabenchi pachipatala n'kumamvetsera anthu ovutika maganizo, ndipo njirayi idafalikira kumaiko ena. Dokotala wa matenda a maganizo adaona kuti khutu la gogo ndi mankhwala, pamene ife tikuliza wailesi ya pafoni kuti tisamve zimene gogo akunena.

Gogo aphike

Tazolowera kumuona wokalamba ngati wolandira. Pali Mtukula Pakhomo, imene idayambira ku Mchinji mu 2006, pali zakaat, pali mabungwe ogawa ufa m'mwezi wa Ramadhani. Zonsezi n'zofunika ndipo zapulumutsa miyoyo. Koma mayi amene wakhala akupakulira anthu zaka 50, tsiku limene palibe wofuna kudya za mumphika wake amalandidwa chinthu chimene thumba la ufa silingabweze. Ena mwa ife, chifukwa cha chifundo chomwe, timakana chakudya cha gogo n'kumati asunge adye mawa. Iye amamva zina: kuti mbale zake n'zakuda, kapena kuti tikumuopa. Surat An-Nur imatchula mwatsatanetsatane nyumba zimene munthu angadyemo mosavutika mumtima, za makolo, za abale, za amalume, za azakhali ndi za abwenzi, ndipo imalola kudya pamodzi kapena payekha. Kudya wekha si tchimo, ndipo tisamasenzetse anthu mlandu umene Allah sadawasenzetse. Koma pamene maswahaba ena adadandaula kuti amadya osakhuta, Mtumiki (SAW) adawafunsa ngati amadya aliyense payekha, n'kuwalangiza kuti azisonkhana pachakudya ndi kutchula dzina la Allah kuti chidalitsidwe.

Wina afunsa kuti gogo wosauka adyetsa bwanji ana a eni pamene ufa wake ndi wa m'kapu. Funsoli n'loona, ndipo chidyerano chidali ndi yankho lake: palibe ankabwera chimanjamanja masiku onse. Mtumiki (SAW) adayamikira anthu a fuko la Ash'ari chifukwa chakudya chikawachepera ankasonkhanitsa zotsala zonse pansalu imodzi n'kugawana mofanana. Mnyamata amene alibe ufa ali ndi mphamvu zowaza nkhuni ndi njinga yopitira kuchigayo. Mtsikana angabwere ndi chigubu cha madzi ndi mtedza wodzaza manja. Mayi angapatse mwana wake kambale ka ufa n'kumuuza kuti lero akadye kwa anganga. Moto umodzi wophikira anthu asanu umadya nkhuni zochepa kuposa moto usanu, ndipo m'dera limene amayi amayenda mtunda wautali kukatola nkhuni, zimenezi si zazing'ono. Tiwonjezerepo kuti gogo wa khomo loyandikana nalo angakhale Mkhristu, ndipo udindo wathu pa mnansi suyang'ana kumene amapemphera.

Chidyerano sichidafe chonse. Chimadzuka chaka chilichonse m'mwezi wa Ramadhani, pamene mbale za phala, futali, mpunga ndi nyemba zimatuluka m'makomo dzuwa likamalowa n'kukakumana pakhonde la mzikiti. Kwa masiku 29 kapena 30, mkulu wa zaka 80 ndi mnyamata wa zaka 12 amamasula swaumu m'mbale imodzi, ndipo aliyense amaona kukoma kwake. Koma pamkeka umenewu pamasowa anthu a mitundu iwiri: agogo aakazi, amene nthawi zambiri ndiwo aphika chakudyacho, ndi agogo aamuna amene miyendo idawakana. Iwo amamasula okha m'nyumba, ndipo daku amadya okha mumdima. Mwezi ukaoneka, Idi n'kudutsa, mbale zimabwerera m'makomo mpaka chaka chamawa. Pa nkhani ya sadaka ya maliro mashehe amasiyana maganizo ndipo sitilowamo lero, koma tonse taonapo mudzi ukuphika thumba lathunthu la mpunga m'dzina la gogo amene ali moyo ankadya yekha.

Pa Idi ya nsembe timagawa nyama m'majumbo, n'kulemba mayina a okalamba poyamba, ndipo timabwerera kunyumba mitima ili mbee. Sitifunsa kuti nyama ya ng'ombe, imene imafuna maola pamoto, aiphika ndani, ndi nkhuni ziti, ndipo aitafuna ndi mano ati. Jumbo lomwelo likapita m'manja mwa mtsikana amene akhale pansi, aidule tizidutswa, aiphike mpaka ifewe n'kudya nawo, gogo amadya nyama tsiku limenelo, ndipo mtsikanayo amabwerako atamva mayina a makolo a mbumba yake ndi mudzi wa kutsidya kumene adachokera. Mwalimu wa madrasa amadziwa ana amene amadutsa pakhomo lililonse popita kwawo, ndipo komiti ya mzikiti imadziwa okalamba amene adasiya kuoneka pa Juma. Kulumikiza mindandanda iwiriyi sikufuna bungwe lochokera ku Blantyre kapena ndalama za kunja. Kumafuna chilolezo cha makolo, ana kupita awiriawiri kapena atatu monga ankachitira Sahl ndi anzake, ndi tsiku lodziwika pamlungu kuti gogo azikonzekera.

Ntchito yoyambira ilipo kale kumapeto kwa dzinja, masamba akachuluka m'minda. Agogo ambiri kwa Katuli akudziwabe kufutsa: kuthyola chitambe, khwanya ndi nkhwani zikadali zanthete, kuziwiritsa pang'ono, kuziyanika pamphasa mpaka ziume, ndi kuzimanga m'zikwatu za masamba a msuku n'kuzipachika pamwamba pa moto kuti zisafumbwe. Akudziwa kucheza chidulo cha phulusa la zitsononkho chofewetsera therere ndi chigwada, sopo ndi soda zikakwera mtengo kugolosale. Chimene alibe ndi msana wowerama m'munda ndi miyendo yothamangitsa mbuzi pamphasa. Mfutso wokonzedwa mu Malichi ndi Epulo ndiwo umadyedwa mu Okutobala ndi Novembala, pamene minda ili gwa.